Zimene ndikuphunzira kwa Ruth Cracknell pa kusewera ngati nkhalamba

Ambiri a ife ophunzira zisudzo akatiuza kuti tisewere ngati agogo, timathamangira ndodo, kupinda msana ndi kunjenjemeretsa mawu. Anthu amaseka ndithu, koma amaseka ukalamba, osati munthu amene ali pa siteji. N'chifukwa chake ndakhala ndikuonera ntchito za mayi Ruth Cracknell a ku Australia, amene anabadwira ku Maitland mu 1925 n'kumwalira ku Sydney mu 2002.

Mayiwa anayambira pa masewero a pa wailesi m'zaka za m'ma 1940, akuseweranso ku Independent Theatre ya Doris Fitton. M'ma 1950 anakagwirako ntchito ku BBC ku London, ndipo atabwerera kwawo anatchuka pa zisudzo zoseketsa za ku Phillip Street Theatre. Pa zonsezi, chandigwira mtima ndi wailesi ija. Pa wailesi palibe ndodo, palibe imvi zopaka. Uli ndi mawu okha, ndi pomwe wasankha kukhala chete.

Luso limenelo limaoneka bwino mu Mother and Son, sewero la pa wailesi yakanema ya ABC lolembedwa ndi Geoffrey Atherden, lomwe linaonetsedwa kuyambira 1984 mpaka 1994. Iwo anali Maggie Beare, mayi wamasiye amene wayamba kuiwalaiwala, wokhala ndi mwana wake Arthur, yemwe ankaseweredwa ndi Garry McDonald. Arthur ndiye amavutika nawo usana ndi usiku, koma chikondi chawo chili pa Robert, dokotala wa mano amene amangobwera kudzazonda n'kuthawa. Aliyense amene anadwazikapo kholo akudziwa kupweteka kwake.

Chimene sindikhuta kuonera ndi ichi: sungadziwe ngati Maggie waiwaladi kapena akunamizira kuti Arthur asachoke pakhomo. Akafunsidwa funso, amayamba adikira kaye pang'ono, maso ali gwa, kenako n'kuyankha mofatsa ngati palibe chachitika. M'kamphindi kameneko woonera umamva mantha ndi chiseko nthawi imodzi. Msana wawo ndi woongoka, mawu omveka bwino, ulemu wawo uli wonse. Ngakhale pa gawo lotchuka lija la pamaliro, pamene malalanje a Maggie akugubuduzikira m'manda, mayi Cracknell sasewera ngati munthu wodziwa kuti akuseketsa. Nkhawa ya Maggie ili pa malalanje ake basi, ndipo n'chimene chimakupha ndi phwete.

Nkhaniyi imandikhudza chifukwa kwathu kuno okalamba oiwalaiwala ena amanenedwa kuti ndi mfiti. Tikamawasewera ngati zidole, timathandizira kuti anthu asaone kuti m'katimo mudakali munthu wanzeru zake, wofuna zake, ngakhale wamachenjera ake. Maggie ndi wovuta, nthawi zina wankhanza kumene, koma palibe angamuyese chinthu chotha ntchito.

Udindo wosewera ngati Maggie anaulandira atatsala pang'ono kukwanitsa zaka 60, atagwira kale ntchito pafupifupi zaka 40, ndipo sanasiye siteji chifukwa cha kanema. Mu 2001 anakhala mayi woyamba kulowetsedwa mu Logie Hall of Fame, ulemu wopita kwa akatswiri a pa wailesi yakanema ku Australia umene unayamba kuperekedwa mu 1984. Kwa ine anachedwa nawo kwambiri, poti chaka chotsatira chomwecho anatisiya.