Msuzi wa saladi wa vinyo ndi viniga wa balsamic: botolo lolakwika linandidyera tsiku lathunthu

Kusakaniza msuzi umenewu, umene Afalansa amautcha vinaigrette, ndi ntchito ya mphindi 15 basi. Chimene chinandidyera tsiku lathunthu ndi botolo, ndiye ndiyambira pomwepo, poti mtima sunatsikebe.

Kuno ku Ulongwe, m'boma la Angónia ku Mozambique, letesi, tomato, anyezi ndi kabichi sitisowa, n'zolima tokha. Koma viniga wa balsamic ndinamuzungulira m'masitolo onse amene ndimawadziwa, osamupeza. Kulikonse amangonditulutsira woyera uja wolembedwa vinagre de álcool, wothira m'tchipisi. Basi ndinalawirira kukwera chapa, ndiyo minibasi, ya ku Tete, mwezi wa Okutobala. Amene munatsikako kuchokera ku Angónia nyengo imeneyo mukudziwa kuti ukangofika ku Moatize, mphepo yolowa pawindo imakhala ngati ikuchokera mu uvuni. Pasitolo imene anandilozera ndinafika 12 koloko itangodutsa, n'kupeza chitseko chili gwa, eni ake apita kukadya, atsegula 2 koloko. Maola awiri ndili pakhonde la eni, madzi a m'botolo mwanga atasanduka a tiyi. Atatsegula sindinafunenso zambiri. Ndinangofunsa mtsikana wa pamashelefu kuti, "Mana, balsâmico alipo?" Iye n'kundipatsa kabotolo kakuda kapulasitiki ka mlomo wosongoka, ine kulipira, liwiro kukagwira chapa yobwerera. Kuwerenga ndinakawerengera kunyumba usiku: creme balsâmico.

Anzanga, creme si viniga. Ndi chinthu cholimba ngati uchi, chonanda, chimene amachipanga pothira zolimbitsa ndi zotsekemera mu viniga, ndipo ntchito yake ndi kudonthezera pamwamba pa chakudya kuti mbale ioneke bwino. Ndinayesabe, poti ndalama inali itapita kale. Msuzi unatuluka wotsekemera ngati jamu, wosawawasa n'komwe, masamba a letesi atamatirana okhaokha. Kukabweza? Ndalama ya chapa kupita ndi kubwera inali yoposa mtengo wa botololo. Ndiye tembenuzani botolo muwerenge kumbuyo musanalipire, ngakhale wokhometsa wa chapa akuitana panja.

Zoyang'ana ndi izi. Kutsogolo palembedwe Aceto Balsamico di Modena IGP, ndipo pamakhala kachizindikiro kozungulira kabuluu ndi chikasu. Modena ndi mzinda wa ku Italy kumene viniga ameneyu amachokera. Kumbuyo muone acidez 6%, ndiko kuwawasa kwake. Pamndandanda wa zosakaniza payenera kukhala mosto de uva, amene ndi madzi a mphesa ophikidwa mpaka kuda, ndi vinagre de vinho, ndiye viniga wopangidwa ku vinyo. Ambiri amawonjezera corante caramelo E150d wodetsa mtundu, zimenezo n'zololedwa. Chimene chalembedwa poyamba ndicho chochuluka m'botolomo: akayamba ndi mosto, vinigayo ndi wotsekemererapo ndi wolemera, akayamba ndi vinagre de vinho, ndi wakuthwa ndipo adzafuna kauchi. Pendeketsani botolo. Zikayenda msanga ngati khofi, ndi yemweyo. Zikamakwawa, bwezani pashelefu. Palinso wina wolembedwa Tradizionale, wa m'timabotolo ta 100 ml, amene amakhala m'migolo yamatabwa zaka zosachepera 12. Ameneyo mtengo wake ndi wina, ndipo kumuthira m'mafuta ndi mostarda, kaphala kaja ka mbewu za mpiru zopera, n'kumuwononga chabe.

Botolo lenileni linabwera sabata yotsatira ndi alamu anga, nditawatumizira chithunzi cha lebulo pa WhatsApp. Nzeru imeneyi ikanandibwerera poyamba, bwenzi nkhani ya chapa kulibe.

Mafuta nawo ali ndi msampha womwewo. Pali mabotolo ojambulidwa zipatso za olivi zokongola, koma m'kati ndi mafuta a soya kapena ena osakaniza ndi azeite, ndiwo mafuta a olivi enieniwo, pang'ono chabe. Funani mawu akuti azeite virgem extra, ndipo onani deti la validade, lothera ntchito, chifukwa mafuta okhalitsa pashelefu m'kutentha kwa ku Tete amayamba kununkha ngati mtedza wachaka chatha. Azeite ngokwera mtengo, n'zoona. Ine ndimaika theka azeite, theka mafuta a mpendadzuwa, ndipo sindichita nazo manyazi, popeza balsamic ali ndi fungo lamphamvu lokwanira kunyamula msuzi wonse.

Tsopano vinyo. Tengani wofiira wosatsekemera, wolembedwa tinto seco. Wa m'katoni amakwanira, koma akhale woti mukhoza kumwa osakwinya nkhope, chifukwa kuphika kumakuza chilichonse chimene chili m'vinyomo, chabwino ndi choipa chomwe. Wotsekemera musayese, balsamic ali kale ndi shuga wake. Thirani 120 ml, theka la kapu, m'kapoto n'kuika pamoto wochepa osavindikira, aziwira pang'onopang'ono mpaka aphwere n'kutsala masupuni aakulu awiri, ndiwo 30 ml. Zimatenga mphindi 8 kapena 10 malinga ndi kukula kwa poto. Mukamuthira wosaphika, msuzi umanunkha mowa komanso umachita madzimadzi. Kumbukirani kuti mowa suthera kwenikweni, kochepa kamatsalabe, ndiye ngati pakhomo pali amene sakhudza mowa, vinyoyo musiyeni n'kuika masupuni awiri a madzi a mphesa m'malo mwake.

Mphindi ziwiri zomaliza musachoke pambaula. Vinyo akatsala pang'ono amathamanga, ndipo ukangotembenuka kukatsuka letesi umapeza pansi pa poto pali phula wakuda wowawa. Ulendo woyamba zinanditero. Komanso poto asakhale wa aluminiyamu, mapoto athu ambiri aja. Zowawasa zimadya aluminiyamu, vinyo amachita mtundu wotuwa n'kumamveka chitsulo pakamwa. Gwiritsani wa inox, chitsulo chosachita dzimbiri chija, kapena wa enamelo wosasupuka. Akaphwera muphuleni azizire ndithu.

Posakaniza ine ndimagwiritsa botolo lagalasi la mayonezi lotsuka bwino, louma, la chotsekera chogwira. Muyeso wakale ndi woti mafuta atatu, viniga mmodzi. Supuni yaikulu ndi 15 ml, yatiyi ndi 5 ml. M'botolomo muyambe ndi masupuni aakulu 2 a balsamic, supuni yaikulu 1 ya vinagre de vinho, ndi vinyo wophwera uja. Viniga wachiwiriyo alipo chifukwa balsamic yekha amalemera kwambiri, msuzi umasowa kuthwa. Mukamusowa, finyani ndimu supuni imodzi. Kenako theka la supuni yatiyi ya mchere, ndipo apa imani kaye, mukhutchumule mpaka mcherewo usungunuke. Mchere susungunuka m'mafuta. Mukauthira pomaliza umangokhala pansi ngati mchenga, oyamba kudya n'kumati mulibe mchere, womaliza n'kukumana nawo wonse. Mchere wathu wamiyala uja muyambe mwaupera.

Mchere ukasungunuka ikani kachidutswa kamodzi ka adyo kosinja bwino ndi supuni yaikulu ya anyezi wodula tinthu ting'onoting'ono, muzisiye mphindi 10 m'vinigamo. Viniga amachotsa ukali wa anyezi wamuwisi, uja umatsala m'kamwa mpaka mawa. Zikatero onjezani supuni yatiyi ya mostarda, supuni yatiyi ya uchi ngati balsamic wanu ndi wakuthwa, ndi tsabola wakuda wopera pang'ono. Mostarda musaidumphe ngakhale simuikonda. Mafuta ndi viniga sagwirizana mwachibadwa, ndipo mostarda, poti ndi mbewu za mpiru zopera, ili ndi kaulimbo kamene kamakuta timadontho ta mafuta kuti tisabwererane msanga. Popanda iyo msuzi umalekana musanafike n'komwe patebulo: mafuta pamwamba, zakuda pansi.

Mafuta ndi masupuni aakulu 9, ndiwo 135 ml. Musawakhuthulire onse kamodzi. Thirani atatu, tsekani, khutchumulani mwamphamvu kuwerenga mpaka 20, kenako atatu ena, kenako otsalawo. Msuzi wogwirana umasintha mtundu, umachoka kukuda n'kukhala wofiirira ngati khofi wamkaka pang'ono, ndipo umakuta kumbuyo kwa supuni. Amene muli ndi makina opera zipatso, musaponyemo azeite virgem extra, amatuluka owawa. Dzanja ndi botolo n'zokwanira. Chotsekera chija muchiyese kaye ndi madzi. Balsamic akagwera pamalaya oyera, mudzachapa mpaka kutopa.

Polawa musalawe ndi supuni, mudzaganiza kuti mwachulutsa viniga. Viikani tsamba la letesi, chifukwa ndi mmene adzadyere anthu. Ukawawasa kwambiri, supuni ina ya mafuta. Ukamveka mafuta okhaokha, kawirikawiri chosowa ndi mchere, osati viniga. Ukatsekemera mopitirira, madontho a ndimu. Koma ukatsekemera n'kumananda, m'bale wanga, mwagula creme ngati ine, ndipo palibe ndimu imene ingakupulumutseni. Werengani kumbuyo kwa botolo, ndanena kale.

Ndinaiwala za masamba, pamene ndi pomwe ambiri amagwera. Letesi amadyedwa wamuwisi, ndipo kuno kolera timaidziwa, makamaka nthawi ya dzinja. Viniga wa m'saladi si mankhwala opha tizilombo. Tsukani tsamba lililonse palokha ndi madzi owiritsa ozizira, kapena othira Certeza, mankhwala oyeretsa madzi aja, motsata muyeso wolembedwa pabotolo lake. Mukatsuka, umitsani. Yalani masamba pansalu yoyera, kapena muwakulunge m'nsaluyo n'kuizunguza panja. Tsamba lonyowa silimata mafuta, msuzi wonse umatsetserekera pansi pa mbale n'kusanduka madzi. Ndipo thirani pa nthawi yodya yeniyeniyo, supuni yaikulu imodzi pa masamba odzaza manja awiri, n'kutembenuza ndi manja osamba. Mukathira msanga, letesi amafota pasanathe theka la ola. Kabichi wodula mopyapyala ndi mbatata ya kachewere yophika n'zosiyana, zimenezo zimakoma zikakhalitsamo, ndipo mbatatayo muithire ikadali yofunda kuti imwe.

Muyeso umenewu umatulutsa msuzi wopitirira pang'ono 200 ml. Wotsala usungeni m'firiji, ndipo poti muli adyo ndi anyezi zaziwisi, uthe pasanadutse masiku atatu kapena anayi. Adyo wokhala m'mafuta pamalo ofunda akhoza kudwalitsa koopsa, ndiye ngati mulibe firiji, kapena magetsi akuvuta, pangani theka loti lithe tsiku lomwelo. Mukautulutsa m'firiji n'kupeza mafuta aundana ngati majarini, sunawonongeke. Azeite amatero akazizidwa. Uikeni patebulo mphindi 15, mukhutchumulenso.

Creme uja akadali pashelefu. Ntchito yake ndinaipeza pa nyama ya mbuzi yowotcha, madontho atatu anayi ikangochoka pamakala, ndipo pamenepo ndiye amakoma. Pa liwiro limeneli botololi litha chaka chamawa.