Agogo awiri, Kerry ndi Kildare, sabata yanga kunyumba ya okalamba

Ndimagwira ntchito yosamalira okalamba kuno ku Ireland, mashifiti a maola 12, ndiye sabata ino ndakhala ndi mtima wina ndati ndilembeko. Tili ndi agogo wina wochokera ku boma la Kerry, matenda oiwala aja awagwira kwambiri moti ngakhale mwana wawo akabwera amangomuyang'ana ngati mlendo. Lolemba anakaniratu chakudya, phala ayi, tiyi ayi, nesi anati ndizilemba chilichonse chomwe alawa, ine papepala ndinangolemba masipuni atatu basi tsiku lonse.

Lachiwiri ndinawakhazika pafupi ndi agogo ena a ku boma la Kildare, awa mutu uli bwinobwino koma miyendo ndiyo idafooka. Atangomva kalankhulidwe ka anzawowo anafunsa kuti kodi inu ndinu a ku Kerry eti, kenako nkuti chigoli chija cha ku Tipperary sichinali chigoli. Abale, agogo aja omwe sanayankhule masiku awiri anadzutsa mutu nkukuwa kuti Up Kerry!

Ine ndinkaganiza akunena gemu ya chaka chatha. Kuwafunsa kuti agogo, gemu yake iti, akuti ya 1903. Mpira wake ndi wa Gaelic uja amagwira ndi manja nkumenyanso ndi mwendo, ukalowa muukonde mapointi atatu, ukadutsa pamwamba pa mtanda nthawi zambiri imodzi. Bungwe lawo la GAA adaliyambitsa mu 1884 ku Thurles, ndipo fainolo ya mpikisano wa 1903, ya Kerry ndi Kildare, idachedwa mpaka idaseweredwa mu 1905, katatu konse. Koyamba ku Tipperary mwezi wa July, Kerry idapambana koma chigoli chake anthu adakangana nacho mpaka akuluakulu adati ibwerezedwe. Kachiwiri ku Cork adafanana mphamvu. Kachitatu ku Cork komweko mu October Kerry idapambana mapointi 8 kwa 2, kenako nkugonjetsa London, chikho chawo choyamba chimenecho. Nthawi imeneyo timu imakhala ndi anthu 17 osati 15 ngati pano. Agogo onse awiriwa anali asanabadwe, nkhaniyi adaimva kwa makolo awo, koma mmene amakanganirana ungati anali pabwalo pomwepo. Ndinakumbuka mmene malume anga amatenthera ikakhala Bullets ndi Wanderers, koma kuno ndi nkhani ya boma lomwe unabadwira, sumasankha, ndipo osewera salipidwa mpaka lero.

Lachitatu ndinayesa dala. Ndinawaika tebulo limodzi nthawi ya nkhomaliro, a ku Kildare anayamba kunyada kuti fainolo ya mpikisano wa 1905 tidakubwezerani ku Thurles, komanso chikho cha Sam Maguire, chomwe amapatsidwa opambana mpikisanowu, oyamba kuchinyamula mu 1928 ndife. A ku Kerry akumvetsera, ine ndikuwapatsa mbatata yophwanya pang'onopang'ono, mbale inatha yonse osazindikira. Anatchula dzina la Dick Fitzgerald, wosewera wa timu ija ya 1903 yemwe bwalo la ku Killarney lidatengera dzina lake, kulitchula bwinobwino munthu amene dzina langa amandifunsa kakhumi patsiku.

Lachinayi linali lovuta, tinali ochepa pashifiti, kusambitsa, kusintha zofunda, mabelu kulira mbali zonse, sindinapeze mpata wowakumanitsa ndipo madzulo a ku Kerry anadya theka lokha. Zinandiwawa.

Lachisanu pa handover, nthawi yosinthana shifiti, ndinapempha nesi kuti zilembedwe mu care plan, ndondomeko ya chisamaliro chawo, awiriwa azidyera limodzi. Anavomera. Ndinauzanso mwana wa agogo a ku Kerry atabwera, iye anapita kugalimoto nkubweretsa sikafu yobiriwira ndi yachikasu, mitundu ya Kerry, nkuwakoleka mkhosi. Sanamuzindikirebe mwanayo koma sikafuyo anaigwira ndi manja awiri osaisiya, mpaka pogona ndinawasiya nayo. Loweruka ndili off, ndauza mnzanga wa shifiti ya mmawa kuti asaichapitse kaye.