Mbiri ya bizinesi yathu: tatsegula ofesi ku Lilongwe

Mwezi uno tatsegula ofesi yathuyathu ku Lilongwe, ndipo chimwemwe chadzaza tsaya. Kwa inu amene mwatidziwa kumene, ntchito yathu ndi iyi: makampani, ma SACCO ndi sukulu amatiitana kuti tiyese kuthyola makompyuta ndi mawebusayiti awo, n'cholinga choti tipeze mipata mbava zisanaipeze.

Makasitomala akamva kuti timagwiritsa ntchito Tor, njira yobisira komwe munthu ali akamalowa pa intaneti, amadzidzimuka. "Si ya akuba imeneyo?" Ayi ndithu. Nzeru yake inachokera ku labotale ya asilikali apamadzi a ku America, ndipo Tor inayamba kugwira ntchito mu 2002. Uthenga umadutsa pa makompyuta atatu a anthu ongodzipereka, utakutidwa katatu ngati makoko a anyezi, moti palibe kompyuta imene imadziwa zonse ziwiri, kochokera ndi kopita. Ife timalowamo pokasaka ngati mapasiwedi a antchito anu akugulitsidwa pa masamba a .onion (mawebusayiti obisika a mu Tor), wogulitsayo osadziwa kuti amene akumusuzumira ali ku Malawi. Timayesanso ngati makina anu amazindikira mlendo wobwera kudzera mu Tor, poti mndandanda wa makompyuta otulukira, omaliza pa atatu aja, uli poyera. Makasitomala athu ambiri tinawapeza asanaganizepo n'komwe za zimenezi. Koma kusanthula kolemera ndi Nmap, pulogalamu yofufuzira makomo otseguka pa makompyuta, sitikuchitira mu Tor. Tor imachedwa, imanyamula mtundu umodzi wokha wa mauthenga a pa intaneti wotchedwa TCP, komanso madandaulo amakagwera mwini kompyuta yotulukira, munthu wosalakwa. Pa ntchito imeneyo timachita lendi maseva kunja.

Maseva omwewa anatsala pang'ono kutitseketsa bizinesi. Kwacha itagwa ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, lendi yolipira m'madola inakwera usiku umodzi, madolawo osaonekanso. Tinagogoda kwa obwereketsa ndalama ena. Anafuna chikole cha nyumba, ndipo titafotokoza ntchito yathu anatiseka, amvekere zoseweretsa makompyuta sangaikepo ndalama. Lero omwewo akutiimbira kufunsa mitengo! Tinagulitsa njinga yamoto, malipiro athu n'kuyamba tawaiwala, koma palibe ntchito ya kasitomala imene inaima.

Tikuthokoza Mulungu. Zikomo amayi, munatipatsa chipinda cha kuseri n'kumatigulira mayunitsi a magetsi osadandaula. Zikomo mayi a kunyumba popirira masiku ogona ndi tiyi yekha. Achinyamata a timu yathu, munachezera pa laputopu thumba lili mbee, sindidzakuiwalani. Nanunso bwana amene munayamba kutikhulupirira tilibe ngakhale chikwangwani, Ambuye akudalitseni.

Sitikhudza kompyuta ya munthu popanda kalata yosainirana, chifukwa lamulo la Electronic Transactions and Cyber Security Act la 2016 limaletsa kulowa m'makina a eni popanda chilolezo. Zomwe tapeza zimathera pakati pa inu ndi ife. Ngati mumasunga maina, manambala a foni kapena ndalama za anthu, bwerani ku ofesi tikambirane. Kucheza koyamba n'kwaulere mwezi uno wonse.