Mbiri ya moyo wanga, gawo 17: Tsiku limene ndinasanduka mzungu

Gawo lapitalo ndinakusiyani ku Hanoi, nditangoyamba kuzolowera kuwoloka msewu pakati pa njinga zamoto osapemphera mokweza. Lero tikukwera kumapiri. Amene munandidziwa ndili mwana pa Likhubula, ndikuthamanga kumbuyo kwa azungu ndi timabokosi ta mkungudza m'manja, museka. Sekani ndithu. Nanenso ndinaseka, koma patapita masiku.

Pa 2 Seputembala anthu a ku Vietnam amakumbukira ufulu wa dziko lawo, choncho mu 2018 kusukulu kumene ndinkaphunzitsa Chingerezi anatipumitsa masiku angapo. Mnzanga wa ku Philippines amene tinkachita naye lendi nyumba imodzi anandiumiriza kuti tipite ku Sa Pa. Ndinayamba ndakana. Munthu wobadwira patsinde pa Mulanje, kulipira ndalama kuti akaone phiri? Amayi akanamva akanati mwana wanga amulodza. Koma kutentha kwa Hanoi kunali kutandikwana, ndiye tinakalipira pa kaofesi kena ka maulendo m'tauni yakale, n'kukwera sitima ya usiku.

Sitimayo imayenda pafupifupi maola 8 kukafika ku Lao Cai, mzinda umene ukaima m'mbali mwa mtsinje, tsidya linalo ndi China. Kuchoka pamenepo minibasi imakwera mokhotakhota kwa ola lathunthu, ngati msewu wa Ku Chawe koma wosafuna kutha. Sa Pa ali pamtunda wa mamita oposa 1,500. Afalansa ndi amene anamanga tauniyi kuti azithawirako kutentha kwa kuchigwa, ndipo tchalitchi chawo cha miyala chikadalipo pakati pa mahotela. Pamwamba pake pali Fansipan, phiri lalitali kuposa onse m'dzikolo, mamita 3,143 malinga ndi muyeso wa nthawi imeneyo. Ndinawerengera mumtima: Sapitwa wathu ndi 3,002. Zinandiwawa pang'ono, sindibisa. Komabe ndinadzitonthoza nditamva kuti kuyambira 2016 anthu amafika pafupi ndi nsonga yake atakhala phee m'timabokosi toyenda pachingwe. Pa Sapitwa umafika ndi maondo ako.

Tinatsika minibasi kuli nkhungu ndi kamvula kowaza. Chiperoni chenicheni, fungo lake lomwelo.

Wotilondolera anali mayi wa mtundu wa Hmong, wamfupi wondilekeza pachifuwa, zaka zake ngati zangazi. Anavala zakuda zopita kubuluu, nsalu atakulunga m'miyendo kuyambira m'maondo kutsika, ndolo zasiliva zazikulu, ambulera m'manja, kumapazi nsapato zapulasitiki. Kwathu olondolera alendo ndi onyamula katundu ndi amuna. Achimwene anga aakulu anathera unyamata wawo akukwera Chambe ndi Lichenya ndi zikwama za eni. Kuno ntchitoyi yagwera akazi. Amuna amabwera pambuyo ndi njinga zamoto kudzatenga zikwama, kapena amakhala kumunda, kapena kunkhalango kumene amalima cardamom, mbewu yokometsera chakudya, pansi pa mitengo.

Tinali alendo anayi: ine, mnzangayo, ndi banja lina la ku Netherlands. Koma titangotuluka m'tauni kuyamba kutsetsereka kulowa m'chigwa cha Muong Hoa, ndinaona kuti tachuluka. Amayi asanu a madengu kumsana anali atatiphatikira, aliyense wasankha wake. Mafunso ake ndinawadziwa asanamalize kufunsa. Dzina lako ndani? Ukuchokera kuti? Uli ndi ana angati? Anali mafunso anga. Ndi omwewo amene ndinkaponya ndili ndi zaka 11, ndikudziwa bwino lomwe kuti yankho silikundikhudza, chimene ndikufuna n'chakuti mzunguyu azolowere nkhope yanga tisanafike pa Dziwe la Nkhalamba.

Amene anasankha ine anali agogo, nkhope yamakwinya, mano ochepa, manja akuda bii mpaka m'zigongono. Anayang'ana mkono wanga, nauyandikizitsa kwa wawo, n'kunena mawu amene anagwetsa anzawo onse ndi phwete. Wotilondolera anamasulira akupukuta misozi: agogo akufunsa kuti inuyo munaviikidwa masiku angati, utoto wake wagwira bwino chonchi? Ndinayankha kuti amayi anga ndi katswiri, anandiviika kamodzi kokha. Kuyambira pamenepo tinali pachibale.

Manja akewo ndi a ntchito. Ahmong a kuno amadziwika ndi dzina loti Akuda chifukwa cha zovala zawo. Amalima chomera chimene masamba ake amawaviika m'migolo mpaka madzi atabiriwira, n'kuthiramo laimu, ndipo nsalu imanyikidwa ndi kuyanikidwa kambirimbiri kufikira itada. Maluwa a pansaluyo amayamba awalemba ndi phula la njuchi losungunula kuti utoto usalowepo. Nanga ulusi wake? Apa ndi pamene ndinaima kukamwa kuli yasa. Ulusi amausenda ku mapesi a chomera chimene aliyense wa ku Nkhotakota angachizindikire ali patali. Mtundu wake ndi wa ulusi, wosaledzeretsa, koma tsamba ndi lomwelo. Amayi ena ankayenda akulumikiza tizingwe take ndi zala, akukulunga padzanja, maso ali kunjira, nkhani ili mkati.

Za kukongola kwa chigwacho sindichulutsa, zithunzi zadzaza pa intaneti. Minda ya mpunga yosemedwa m'phiri ngati makwerero, kuyambira kumtsinje mpaka kumene nkhungu yayambira, mpunga utayamba kuchita chikasu. Chimene zithunzi sizinena n'chakuti chifukwa cha kuzizira amakolola kamodzi kokha pachaka. Amaoka cha mu Meyi, kukolola mu Seputembala, ndipo banja likapereweza pamenepo lapereweza chaka chonse. Madzi amawatenga pamwamba ndi timigula ndi mipaipi ya nsungwi, n'kumatsika munda ndi munda, wapamwamba kupatsira wapansi. Polima amagwiritsa ntchito njati zoweta, zofatsa moti kamwana ka zaka 6 kamaikoka ndi chingwe. Ndinaganiza za njati za ku Lengwe ndipo ndinailambalala patali ndithu.

Tsono tisanafike ku mudzi wa Lao Chai njira inasanduka phala. Dothi lofiira, loterera ngati therere, m'mbali muli phompho lotsikira m'munda wa munthu. Ine mwana wa m'phiri, ndinakana ndodo ya nsungwi imene tiana tinkagulitsa poyambira. Ndinavala nsapato zodula zimene ndinagula ku Johannesburg. Sindinayende mapazi 20. Ndinapezeka ndakhala pansi, miyendo m'mwamba, matope mpaka m'khutu. Agogo aja sanaseke. Anangonditambasulira dzanja lawo lakuda lija, louma ngati khasu, n'kundidzutsa. Kuchokera apo sanandisiyenso. Ankaponda patsogolo, n'kundilozera pamene ndiike phazi, dengu lili kumsana, ine bambo wa ndevu zanga ndikutsogozedwa ngati mwana wopita ku sikelo. Pena anathyola udzu m'mbali mwa njira, naupinda akuyenda, n'kundipatsa kakavalo.

Achimwene ankakonda kunena kuti mzungu ndi mwana wamkulu: umamuuza poponda, umamukumbutsa kumwa madzi, umamunamiza kuti tatsala pang'ono. Nditafunsa wotilondolera kuti kwatsala mtunda wotani, anati tatsala pang'ono. Tinayendanso maola awiri.

Pamalo odyera nkhomaliro ku Lao Chai madengu anatsitsidwa. Ndinkadziwa kuti nthawiyi ifika, inenso ndinkatsegula chikwama changa alendo akangokhala pansi. Agogo anayala tizikwama topeta, zibangili, nsalu za pilo. Anatchula mtengo. Ndipo ine, osaganiza n'komwe, magazi a pamsika wa Limbe anandikwera. Ndinaseka, ndinadula mtengowo pakati, ndinanamizira kunyamuka. Agogo anatsitsa. Ndinadulanso. Anatsitsanso, koma ulendo uno sanandiyang'ane kumaso, anayang'ana nsapato zanga zija.

Kuyang'ana kumeneko ndimakudziwa. Tsiku lina pa Likhubula mzungu wina anandinenerera kabokosi mpaka mtengo unafika poti sungagule n'komwe sopo, kabokosi kamene ankolo anakhalira masiku awiri akusema. Ndinamupatsa chifukwa kunyumba kunalibe ufa, koma pomupatsapo maso anga anali pa nsapato zake, ndikuwerengera kuti ndi matumba angati a chimanga. Nkhope yake ndinaiiwala kalekale. Nsapatozo ndikhoza kukujambulirani lero.

Ndinalipira mtengo woyamba uja, n'kutenganso nsalu ina imene sindinkaifuna. Musandiyamikire, sunali ufulu wa mtima, anali manyazi. Ndipo agogo, poona kuti nsomba yadya nyambo, anaitana mnzawo kuti nayenso andigulitse. Ndikanakhala ine ndikanachitanso chimodzimodzi.

Tinagona kumtunda kwa Ta Van, kunyumba kwa wotilondolera. Nyumba ya matabwa, yopanda mawindo enieni, pansi pa dothi lotsendereka, moto uli pakati, chimanga chili lende kudenga chitada ndi utsi. Alendo anatikonzera pasanja, matiresi pansi, neti ndi mabulangete olemera. Ndiwo zinabwera m'timbale tambirimbiri: nkhumba, tofu wa tomato, mphukira za nsungwi, ndi mbale ina imene nditailawa ndinasiya timitengo todyera n'kuyang'ana kumbali. Unali nkhwani. Wokazinga ndi adyo, wopanda nsinjiro, koma nkhwani. Miyezi yonse ija ku Hanoi sindinalire, ndinadzalirira masamba a maungu pamaso pa anthu a ku Netherlands. Ndinanamizira utsi.

Kenako bambo a panyumbapo anatulutsa botolo la pulasitiki la kachasu wa mpunga, amene kwa alendo amamutcha madzi achisangalalo. Atagona anzathu, ndinatsala ndi wotilondolera pamoto, iye akupeta. Ndinamuuza za timabokosi tanga. Anaika nsalu pansi. Iyenso, anati, anayamba ali kamtsikana, kugulitsa zibangili pafupi ndi tchalitchi chija, ndipo Chingerezi chonse chimene amalankhula anachitola pakamwa pa alendo. Sukulu sanapite nayo patali. Mauthenga a pa Facebook amawatumiza ndi mawu, osati kulemba. Chiviyetinamu chimene, anati, n'chilankhulo chachiwiri kwa iye. Dzikolo lili ndi mitundu 54, koma a mtundu wa Kinh ndi oposa 85 pa 100 alionse. Ahmong pa kalembera wa 2019 anapezeka pafupifupi 1.4 miliyoni. Mahotela ndi maofesi a maulendo ambiri ndi a anthu ochokera kuchigwa. Mapiri, minda ndi zovala zimene alendo amadzera ndi za eni kumtunda.

Ndinalimba mtima n'kumufunsa kuti pa ndalama zimene tinalipira ku Hanoi, zake ndi zingati. Ananena. Sindilemba pano, koma nditachotsera chakudya chimene tinadya, ndinasowa chonena. Iye sanadandaule. Anangoti ulendo wina ndidzamuimbire yekha, ndipo anzanga ndiwapatse nambala yake. Ndi mawu omwewo amene achimwene ankauza mlendo aliyense potsazikana pa Likhubula.

M'mawa mwake tinadutsa m'nkhalango ya nsungwi kukafika ku Giang Ta Chai, ndipo madzulo njinga zamoto zinatitengera ku Ta Phin, mbali ina ya Sa Pa, kwa Adao Ofiira. Ena amalemba Dzao, chifukwa D wa Chiviyetinamu cha kumpoto amamveka ngati Z. Awa ndi anthu ena, chilankhulo china. Amayi awo amavala duku lofiira lalikulu, okwatiwa ambiri amameta nsidze ndi tsitsi la pamphumi, ndipo akuluakulu a miyambo amasunga mabuku olembedwa ndi zilembo za Chitchaina. Chimene amatchuka nacho ndi madzi osamba a mankhwala. Amathyola masamba, makungwa ndi mizu yamitundumitundu kunkhalango, n'kuziwiritsa maola angapo mumphika waukulu mpaka madzi atafiira ngati tiyi wopanda mkaka. Kale ankasambitsa mayi amene wangobereka kumene ndi anthu obwera kumunda atatopa. Lero amasambitsa ife.

Mayi wa panyumbapo anandilozera mgolo wa matabwa wondifika m'chiuno, nandichenjeza ndi zala kuti ndisapitirire mphindi 20, ndingaledzere. Ndinalowa, maondo kukhudza chibwano, nthunzi ili tolo. Poyamba ndinamva masamba okhaokha. Kenako matabwa a mgolowo atatenthedwa anatulutsa fungo lawo, ndipo ndinagwira m'mphepete ndi manja onse awiri. Mtengowo amautcha pơ mu, ndi wa banja limodzi ndi mkungudza wa pa Mulanje. Linali fungo la zala zanga ndili ndi zaka 11, fungo la malaya a ankolo, fungo la pansi pa bedi pamene ndinkasunga timabokosi totsala.

Mphindi 20 zinakwana, mayi aja anagogoda. Ndinati ndikubwera. Anagogodanso kachiwiri. Nditatuluka miyendo inali lobodo, ndipo ndinakhala pakhonde ndi foni m'manja, ndikuwerengera kuti kwathu ndi maola 5 m'mbuyo, achimwene akhala atabwera kumunda. Anayankha kachitatu. Ndinawauza kuti achimwene, dzulo ndagwa m'phiri, wandidzutsa ndi gogo. Anakhala chete kaye, kenako anafunsa: "Ndiye unam'patsa zingati?"

Zimene tinakambirana usiku umenewo, ndi chifukwa chake ndinasiya ntchito ku Hanoi chaka chisanathe, ndi za gawo 18.