Zikomo nonse amene munatigwira mkono pa matenda a amayi

Abale ndi alongo, amayi athu atuluka m'chipatala, ali kunyumba ku Linthipe. Akudya, akugona tulo, dzulo afika okha kudimba. Ndati ndilembe pano chifukwa ndi miyendo sindingakufikeni nonse.

Ambiri munaona mmene ankavutikira. Ululu unkawagwira kumanja, kunsi kwa nthiti, n'kumalasa mpaka kumsana ndi paphewa, makamaka akadya za mafuta. Ena ankati ndi zilonda za m'mimba, ena ankanong'onezana zakumudzi zija. Mankhwala ankamwa ndithu, koma thupi limangotha.

Ndiyambe ndi adokotala a pa chipatala cha boma cha Dedza amene atawagwira pamimba anati, "Amayi, tisalote, tikuunikeni kaye." Amayi anakana poyamba, ati sikani ndi ya azimayi oyembekezera, iwo ndi agogo. Adokotalawo sanapse mtima. Anawafotokozera kuti makina ake ndi omwewo, koma amaonanso chiwindi, ndulu ndi impso. Sabaya, sang'amba. Amatumiza m'thupi mafunde a phokoso loti khutu silingamve, ndipo mafundewo akagunda chiwalo n'kubwerera, chithunzi chimaoneka pa kompyuta. Alibenso cheza chonga cha X-ray kapena CT (makina ena ounikira m'thupi), n'chifukwa chake amaunikira ngakhale mwana wosabadwa.

Anawauza kuti abwere m'mawa osadya kanthu, chifukwa munthu akadya kathumba ka ndulu kamafinyika ndipo sikaoneka bwino. Achemwali amene munawaunika, dzina lanu sindilemba, koma Mulungu akudziwani. Munawapaka mafuta ozizira aja pamimba, munawauza kuti akoke mpweya n'kuugwira, kenaka munatembenuza kompyuta kuti nanenso ndione. Timiyala tinali m'kathumba ka ndulu, toyera, tili ndi mthunzi wakuda kunsi kwake. Ndinagwetsa misozi pomwepo, chifukwa matenda amene anatisowetsa mtendere nthawi yonseyi anali ataoneka ndi maso. Kwa ine, kuchira kwa amayi kunayambira m'chipinda chimenecho.

Anatitumiza ku Kamuzu Central ku Lilongwe, kumene anawachita opaleshoni yochotsa kathumbako. Mantha anga anali oti munthu angakhale bwanji wopanda ndulu, koma anatilimbitsa mtima kuti ndulu imapangidwa ndi chiwindi, kathumbako n'kosungira chabe. Madokotala ndi anamwino a kumeneko, zikomo.

Amalume, munagulitsa mbuzi osatiuza n'komwe. Alamu, munagona pansi m'wodi kudikirira apongozi anu, osadandaula ngakhale tsiku limodzi. Amayi a Chigwirizano, ufa, nkhuni ndi mapemphero anu zinatifika. Anzathu a banki m'khonde munatibwereketsa ya thiransipoti tsiku logawana lisanakwane. Ndipo inu anyamata amene munakumba mbatatesi ya amayi kuti isaolere m'munda, n'kukana malipiro, makolo anu anakulerani bwino.

Pempho langa ndi limodzi. Ngati muli ndi kholo limene m'mimba mwakhala mukulipweteka miyezi, mankhwala osathandiza, pitani nalo ndipo mukafunse adokotala ngati likufunika kuunikidwa. Mukafunsenso zokonzekera, popeza sikani ina imafuna kuti musadye, ina imafuna mumwe madzi ambiri kuti chikhodzodzo chidzaze.

Ofuna kudzawazonda, bwerani, khomo n'lotsegula. Chokhacho, za mafuta monga mandasi ndi tchipisi musawatengere pakali pano, adokotala anati ayambe ndi zakudya zopepuka.