Momwe ndimadutsira pa Tor poyesa chitetezo cha netiweki

Kampani ikandipatsa ntchito yofufuza mipata mu netiweki yake, sindikhudza kanthu ndisanalandire kalata yosainidwa, yotchula ma adilesi amene ndaloledwa kugogoda ndi masiku ake. Tor, pulogalamu yodutsitsa uthenga wa pa intaneti m'makompyuta a anthu ena, imangobisa komwe ndikuchokera, chilolezo sipereka.

Kalata ikabwera ndimayatsa Tor pa Linux. Imadikirira pa port 9050 (port ndi khomo la nambala lodzera uthenga mu kompyuta), pomwe Tor Browser, pulogalamu yake yotsegulira mawebusaiti, imagwiritsa ntchito 9150, ndipo manambala awiriwa amasokoneza anthu ambiri. Uthenga wanga umadutsa makompyuta atatu a anthu ongodzipereka. Yoyamba imandidziwa koma sidziwa komwe ndikupita, yomaliza imadziwa komwe ndikupita koma ine sindidziwika kwa iyo. Ndimatsegula check.torproject.org kuti nditsimikize kuti adilesi yomwe ikuoneka si yanga.

Pamene ndimachedwa kwambiri ndi pa proxychains, pulogalamu yodutsitsa mapulogalamu ena pa Tor. Mu fayilo yake muli mzere wa proxy_dns, ndipo ndimaonetsetsa kuti kutsogolo kwake kulibe chizindikiro cha #, chomwe chimazimitsa mzerewo. Chikakhalapo, kompyuta imakafunsa adilesi ya dzina la webusaiti kudzera njira ya masiku onse, ndiye kampani yondigulitsa intaneti ikuona dzina lililonse lomwe ndikufufuza, ine ndili phee kuganiza kuti ndabisala. Pachifukwachi ndimatsegula tcpdump, pulogalamu yoonetsa uthenga wolowa ndi wotuluka mu kompyuta, pambali n'kumayang'anitsitsa port 53, pomwe pamadzera mafunso a mayinawa. Mzere umodzi wokha ukatulukira pamenepo, ndimaimitsa zonse.

Msampha wina ngwakuti Tor imanyamula uthenga wa mtundu umodzi basi, wotchedwa TCP. Mitundu ina monga ping, UDP ndi SYN scan ya nmap, pulogalamu yofufuzira ma port otseguka, sizilowamo, zimazemba n'kutuluka ndi adilesi yanga yeniyeni. Choncho nmap ndimaiyendetsa ndi -sT, kuti izilumikiza ndi TCP yathunthu, komanso -Pn, kuti isatumize ping. Ntchito ikakhala yofunika kusamala kwambiri ndimasamukira ku Whonix, mtundu wa Linux wopangidwira Tor, komwe makina ogwirira ntchito alibe khomo lina lotulukira kupatula lodzera pa Tor. Mawu achinsinsi a kampani sindiwatumiza popanda HTTPS, njira yobisa zomwe zili mu uthenga, chifukwa mwini kompyuta yomaliza ija angathe kuwawerenga.

Kunena zoona, kusesa ma port masauzande kudzera pa Tor ndimakana. Kumachedwa, zotsatira zake sizidalirika, ndipo madandaulo amakagwera munthu wosalakwa amene anapereka kompyuta yake kuti atolankhani ndi anthu oponderezedwa azilankhula mosaopa. Zimenezo zimandikhudza. Tor ndimaisungira ntchito yopepuka yoyambirira: kuona zomwe kampaniyo yaika poyera, monga mmene mlendo wosadziwika angazionere.

Mndandanda wa makompyuta omaliza aja, otulukira a Tor, ndi wapoyera, aliyense atha kuutenga. Ndiye ndikamaliza ndimakhala pansi ndi achitetezo a kampaniyo, n'kuwapatsa maola omwe ndinagogoda, n'kuwapempha atsegule ma log awo, zolemba za zonse zomwe zinachitika pa netiweki, tione limodzi. Firewall, mpanda wotchinga netiwekiyo, ikakhala kuti inanditsekera, ndimalemba. Ikakhala kuti inandilola kudutsa popanda wina kuzindikira, zimenezo zimapita pa tsamba loyamba la lipoti.