Zikomo achimwene a ku Chanco

Ndati ndithokoze pagulu achimwene ena a ku Chanco amene tinakumana nawo pa depoti ya Zomba tikudikira minibasi, dzina sitinafunsane nkomwe. Mwana wanga wa Fomu 2 ma simultaneous equations amamuzunguza mutu mpaka kulira. Inu achimwene munatenga bolopeni nkulemba kuseri kwa lisiti, x + y = 10, x − y = 4, akuti phatikiza mizere iwiriyi y achoka yekha, itsala 2x = 14, ndiye x ndi 7, y ndi 3, kenako bwezera manambalawo uwone ngati zikugwirizana. Minibasi yanu ya ku Chinamwali inadzadza nkunyamuka inu mukufotokozabe, ya Fanta munakananso. Pano mwana wanga uja akuthandiza anzake kukonzekera JCE. Ambuye akudalitseni achimwene, sukulu ikuyendereni bwino.